Mizere iwiri ya nthawi ingamvane bwanji? Ndithandizeni malamulo a nkhani yanga

Nachisale
Moni nonse apagulu. Nkhani yopeka ndinakuuzani ija yaima pa mutu wachinayi, ndipo sisuntha mpaka nditakhazikitsa malamulo a dziko lake. Ndati ndiwayale pano kuti muwagwedeze, pofooka paoneke.

Nkhaniyo ikuchitikira ku Kachulu, m'mphepete mwa nyanja ya Chilwa. M'mawa wina kukuomba mwera, msodzi waima pakhomo nkhafi ili paphewa, akusinkhasinkha ngati apite panyanja kapena aleke. Pomwepo nthawi ikugawika. Mu mzere umodzi akupita, bwato likutembenuzika, osabweranso. Mu mzere wina akutsamiritsa nkhafiyo kukhoma nakhala pansi. Mizere yonseyi ndi yeniyeni, palibe wamaloto. Ine ndikutsata mkazi wake mu mzere umene watsala wamasiye. Usiku wina, anthu a pamaliro atabalalika, akumva mwamuna wake akutsokomola kuchipinda.

Ganizo langa ndi lakuti mizere iwiri imamvana pokhapokha pamalo pamene ikufanana. Zili ngati nyumba za mdadada: banja lililonse lili ndi chitseko chake, sungadutse kupita kwa mnzako, koma khoma ndi limodzi, ndipo pakhomapo umamva mthiko ukugunda mumphika wa eni ake. Khoma la mizere iwiri ndi chilichonse chimene sichinasinthe mbali zonse ziwiri chigawikireni nthawi. Chodutsa ndi mawu ndi phokoso basi, munthu kapena katundu ayi. Ndiye pali ichi chimene ndachikonda koposa: mawu alionse odutsa amasiya kusiyana pang'ono, choncho kumvanako kumadzidya kokha. Mukalankhulana kwambiri, mizereyo imatalikirana msanga.

Pena pake pakundikanika koma sindikupaona bwino. Tiyeni nazo.

Mbewe
Zikomo mayi Nachisale. Ine monga wophunzitsa fizikisi ndiyambe ndi kunena pamene sayansi yaima, kuti mudziwe pamene inu mukupatukira.

Ganizo lakuti dziko limagawika lili ndi eni ake. Mu 1957 wophunzira wa pa yunivesite ya Princeton ku America, Hugh Everett, analemba kuti kanthu kakang'ono ngati elekitironi kakakhala ndi zotheka ziwiri, zonse ziwiri zimachitika, ndipo munthu woyang'anayo naye amagawika, wina kuona ichi, wina kuona icho. Anthu sanamulabadire kwenikweni. Mu 1959 anafika mpaka ku Copenhagen ku Denmark kukakambirana ndi Niels Bohr, katswiri wamkulu wa fizikisi, koma sanamvane, ndipo ntchito yake anakathera pa masamu a zachitetezo. Amene anadzadzutsa ganizoli ndi wasayansi wina, Bryce DeWitt, cha m'ma 1970, ndi kulitchukitsa ndi dzina lakuti maiko ambiri.

Koma kwa Everett, nthambizo zikasiyana basi zasiyana, palibe kutumizirana mawu. Ndiye lamulo lanu la mawu odutsa ndi lopeka ndithu. Chimene chandisangalatsa ndi lamulo loyamba lija, chifukwa lili ndi mizu yeniyeni. Mukaponya maelekitironi limodzilimodzi pa chotchinga chokhala ndi timipata tiwiri, kumene akugwera kumatuluka mikwingwirima yosonyeza kuti njira ziwirizo zikusokonezana ngati mafunde. Akatswiri a kampani ya Hitachi ku Japan anaonetsa zimenezi bwino kwambiri mu 1989, kadontho kamodzikamodzi mpaka chithunzi kudzaza. Koma pakangotsala chizindikiro kwinakwake chosonyeza mpata umene elekitironi yadzera, mikwingwirima ija imazimirira. Njira ziwiri zimakhudzana pokhapokha ngati dziko lonse lozungulira likufanana mbali zonse. Ndi lamulo lanu lomwe lija.

Tadala
Aphunzitsi, ndiye kuti a Nachisale alondola? Zikhoza kuchitika?

Mbewe
Ayi mwanawe, vuto lili pa kukula. Ku Vienna mu 1999 asayansi anakwanitsa kuchita zimenezi ndi molekyu ya maatomu 60 a kaboni. Kenako mu 2004 anatenga mamolekyu a maatomu 70, nawatenthetsa ndi kuwala kwa laser mpaka anayamba kutulutsa kuwala kwaokwao. Akamatentha kwambiri mikwingwirima inkafooka, chifukwa kuwala kotulukako kunkaulula njira imene adzera. Tsono taganizani chipinda chathunthu. Ngakhale kafumbi kamodzi koyandama mumpweya kamagundidwa ndi mamolekyu ambirimbiri, moti njira zake ziwiri zimasiyana sekondi isanathe ngakhale gawo limodzi mwa magawo biliyoni. Msodzi wa a Nachisale asanatsitse n'komwe nkhafi paphewa, mpweya wa m'nyumba mwake wasiyana kale mbali ziwirizo.

Ndiye funso langa kwa mayi ndi lakuti: mukamati kufanana, mukuyeza ndi chiyani? Ngati ndi maatomu, nkhani yathera pa tsamba loyamba.

Nachisale
Eya, pamenepo ndi pamene pamandikanika. Zikomo aphunzitsi, mwapagwira.

Tadala
Ine ndikuti muyeso ukhale chikondi. Amene anakondana zenizeni ndiwo amamvana. Owerenga adzazikonda zimenezo.

Nachisale
Tadala mng'ono wanga, zimenezo ayi, ndipo ndikukana ndi mtima wonse. Bukuli lidzawerengedwa ndi amayi amene anaikadi amuna awo m'manda. Ndikalemba kuti chikondi ndicho chimatsegula njira, ndiye kuti ndikuuza aliyense amene sanamvepo kanthu usiku kuti chikondi chake chinali chochepa. Sindingamuchite zimenezo munthu wolira. Lamuloli likhale losaona nkhope, monga mmene madzi amamizira wabwino ndi woipa yemwe. Mayiyu amve chifukwa cha mmene zinthu zilili m'chipindamo, osati chifukwa ndi woposa anzake.

Jere
Pepani ndilowerere. Ine ndimagwira zamagetsi, ndiye ndimaganiza ndi zinthu zogwirika. Bwanji muyeso ukhale wa zinthu zolimba zokha? Mpweya, utsi, madzi ndi fumbi zisawerengedwe, popeza mwanena kale kuti chodutsa ndi phokoso. Phokoso limayenda bwino mu zinthu zolimba kuposa mumpweya. Mu mpweya limathamanga mamita pafupifupi 340 pa sekondi, mu chitsulo limapitirira mamita 5,000. Ndiye tinene kuti njira yake ndi khoma, mtanda wa denga, mwendo wa bedi, chilichonse cholimba chimene chili pamalo amodzimodzi mbali zonse ziwiri. Chinthucho chikanjenjemera uku, kumenekonso chanjenjemera, chifukwa sichinagawike kwenikweni, chidakali chimodzi. Wina akachisuntha, kuchiboola kapena kuchizira, chagawika, njira yaduka.

Zikatero mayiyo sakumva mawu ali m'malere ayi. Akuyenera kuika khutu pamtengo wa bedi.

Nachisale
Achimwene a Jere, mwandipatsa chithunzi chimene ndimachisowa. Mayi wagwada pansi usiku, nyali yazima, khutu lili pa mwendo wa bedi, dzanja lina watseka khutu linalo kuti asamve achule a kudambo. Ndachitenga chimenecho.

Mbewe
Chimenecho ndachivomera ngati lamulo la m'nthano, ndipo ndi laukhondo. Mwasankha bodza limodzi, lakuti zinthu zolimba zimachedwa kugawika, ndipo zina zonse zikhoza kutsatira mwachilungamo. Nkhani za mtunduwu zimagwa pamene wolemba akuwonjezera bodza latsopano pa mutu uliwonse kuti adzipulumutse.

Mudziwenso kuti asayansi enieni anayesapo kufufuza bodza limodzi lotere. Mu 1989 Steven Weinberg anafunsa kuti zingakhale bwanji masamu a quantum, sayansi ya tinthu tating'ono ngati maelekitironi, atakhala opindika pang'ono kusiyana ndi mmene timawadziwira. Mu 1991 Joseph Polchinski anaonetsa kuti zitatero, nthambi za Everett zikhoza kutumizirana uthenga, ndipo anachitcha telefoni ya Everett. Zoyesa zimene zachitika sizinapeze kupindika kumeneko. Komabe zikusonyeza kuti funso lanu si lachibwana.

Jere
Ndili ndi lina. Phokoso ndi mphamvu. Ngati mawu akufika kwa mayiyo, mphamvu yake yachokera kuti? Kuntchito kwathu palibe chaulere, babu ikayaka pali pamene pakuchoka. Mwina chipinda chizizizira nthawi imene mawu akudutsa?

Mbewe
Funso labwino koma kuzizira ayi. Mphamvu ya mawu a munthu wolankhula bwinobwino ndi yochepa zedi, ili cha m'magawo khumi mwa miliyoni a watt imodzi. Palibe khungu lingamve kuzizira kwa pamenepo. Koma lamulo lakuti mphamvu sitayika ndipo sibadwa likhoza kukupatsani chinthu chokoma kuposa kuzizira. Mawu akadutsa, ndiye kuti kumene achokera asowa. Bamboyo akulankhula, pakamwa pakuyenda, koma liwu limodzi kapena awiri sanamveke m'chipinda chake.

Nangozo
Mayo ine. Ndiye kuti mkazi wa mbali inayo, amene mwamuna wake ali moyo, azingoti "mwati chiyani bambo?" osadziwa kuti mawuwo wawatenga mnzake, amenenso ndi iye yemwe. Wamasiyeyo akuba mawu m'nyumba ya mwini. Achemwali a Nachisale, apa pali nkhani yowawa. Akadzazindikira kuti liwu lililonse limene akumva akulanda mkazi mnzake, apitiriza kumvetsera?

Nachisale
Ndakhala chete kaye chifukwa chimenechi chandilowa. Ndikuona kuti apitiriza, ndipo adzadzida nazo.

Chikondi
Ndangolowa kumene, ndawerenga zonse. Kodi zimenezi si zija amati anthu ambiri amakumbukira kuti Mandela anafera kundende? Amati ndi umboni wakuti mizere inasakanikirana.

Mbewe
Ayi, zimenezo tizisiye pambali. Mandela anatuluka m'ndende pa 11 February 1990, anakhala pulezidenti mu 1994, anamwalira pa 5 December 2013. Anthu a ku South Africa amene anamuvotera sasokonezeka nazo. Osokonezeka ndi akutali amene ankangomva mwa apo ndi apo. Ndi kulakwa kwa kukumbukira kwa munthu, osati kwa nthawi. Ndipo m'malamulo a mayi Nachisale zokumbukira sizidutsa n'komwe.

WakuChilwa
Ine kwathu ndi komweko, bambo anga anali msodzi, ndiye ndilankhuleko za nyanja. Nkhaniyi mwaiika chaka chanji? Ndikufunsa chifukwa Chilwa si nyanja yokhazikika. Ilibe mtsinje wotulutsa madzi, ndi yosaya, ndipo imaphwa. Inaphwa mu 1968, inaphwanso mu 1995, ndipo mu 2018 mbali yaikulu inauma, anthu kumayenda pansi pamene kale pankadutsa mabwato opita ku chilumba cha Chisi. Mukaika nkhani yanu chaka cha 1995 chisanafike pang'ono, mudzakhala ndi nyanja imene ikubwerera m'mbuyo mwezi ndi mwezi, matemba akusowa, asodzi akupita kutali kusiyana ndi kale, ena kumagonera konko m'zimbowera, tinyumba toyandama pamadzi, pakati pa njedza. Munthu wopita panyanja kukuomba mwera sikuti ndi wopusa, ndi njala imamutuma. Chimenecho chimveke m'bukumo chonde, asaoneke ngati anadzifunira.

Funso langa ndi ili: nyanjayo idzaphwa mbali zonse ziwiri?

Mbewe
Funso limeneli ndalikonda. Katswiri wa zanyengo Edward Lorenz anaonetsa mu 1963 kuti nyengo ndi chinthu chimene kusiyana kwakung'ono kumakula msangamsanga. N'chifukwa chake olosera zanyengo sangathe kunena za tsiku lenileni kupitirira masabata awiri kapena kuyandikira pamenepo. Ndiye pakatha masabata angapo, mvula ya mizere iwiriyo izigwa masiku osiyana. Koma kuphwa kwa nyanja ndi nkhani ina. Kumabwera chifukwa cha zaka zingapo zotsatizana za mvula yochepa, kuphatikizapo chilala chachikulu cha 1992 chimene chinakhudza kumwera konse kwa Africa. Ngati nthawi yagawika madzi atatsika kale, n'zomveka kuti nyanja iphwe uku ndi uku, kungosiyana masiku.

WakuChilwa
Ndiye kuti mayiyo akhoza kumva mvula ikugwa pamalata a mbali inayo, kwake kunja kuli nyenyezi, chimanga chikufota. Munthu amene anadikirapo mvula akudziwa kuti phokoso limenelo lingamuchite chiyani.

Nachisale
Zikomo achimwene. Chaka ndasankha, nthawi igawika kumapeto kwa nyengo yozizira ya 1994, mwera usanaleke. Za njala yotuma munthu panyanja ndazimva, ndipo ndidzakutumizirani mutuwo muuone kaye ndisanauike pano.

Gama
Ndakhala ndikuwerenga mwakachetechete. Ine ndine mkulu wampingo, ndipo sindikutsutsa nthano, nthano ndi nthano. Koma pali chimene chikundivuta mumtima, ndipo ndikhulupirira kuti owerenga ambiri chidzawavutanso. Ngati msodziyo wafa uku koma ali moyo uko, amene tinamuimbira nyimbo kumanda ndi ndani? Mzimu wake uli kuti? Ndipo ngati chosankha chilichonse chimachitika mbali zonse ziwiri, munthu adzayankha mlandu wa chiti? Wakuba adzati kwinako sindinabe.

Nachisale
Bambo Gama, funso lanu ndalilandira ndi manja awiri. Sindidzaliyankha ine monga wolemba, chifukwa ndilibe udindo umenewo, koma silingasowe m'bukumo. Mayi wa ku Kachulu wa 1994 sangamve mawu a malemu n'kuyamba kuganiza za maatomu. Adzaganiza za mizimu, adzaopa kuti walodzedwa, adzapita kwa abusa kapena kwa shehe, mwinanso kwa sing'anga usiku. Ndikufuna funso lanulo lituluke pakamwa pa apongozi ake, mayi ake a malemuyo, amene akufunitsitsa kumva mwana wawo koma akuopa kuti kumvetserako ndi tchimo.

Pa za mlandu, maganizo anga ndi akuti aliyense amasenza za mzere wake. Amene anaba ndi amene anaba. Kuti kwina kuli wina wofanana naye amene sanabe sizibweza mbuzi ya mwini wake.

Gama
Ngati mulisunga funsolo mwaulemu chotero, ndilibe chotsutsa. Koma apongoziwo musawalembe ngati munthu wosadziwa zinthu. Mantha awo ali ndi nzeru zake.

Tadala
Pepani ndabweranso. Pali chimene sichikundikwanira. Aphunzitsi anati kwa Everett kugawika kumachitika nthawi zonse, osati kamodzi. Ndiye mizere si iwiri, ndi yosawerengeka. Pali mzere umene bamboyo anatsala n'kupita kumsika, wina anatsala n'kukonza ukonde, wina anadwala, wina anapita panyanja n'kubwerako bwinobwino. Yonseyo ili ndi bedi lomwelo. Nanga mayiyo akaika khutu, bwanji akumva munthu mmodzi? Amayenera kumva chiphokoso cha mawu osawerengeka olankhula nthawi imodzi.

Jere
Mwanayu wafunsa zoona. Pamenepa pakhoza kugwetsa nyumba yonse.

Mbewe
Tadala, funso limeneli ndi la munthu amene akuganiza. Tiyeni tilitsate mpaka kumapeto, tisalithawe.

Usiku woyamba, inde, amva chiphokoso chosamveka mutu wake, ngati mtengo wa bedi ukung'ung'udza. Koma lamulo la a Jere likuti chinthu chikasunthidwa mbali imodzi, njira yaduka. M'nyumba mmene muli anthu awiri amoyo, zinthu zimasuntha tsiku ndi tsiku. Akusesa, akukoka bedi kuti achotse fumbi, akukhoma msomali wopachikapo malaya, akuzira pansi. Tsiku lililonse mizere yambirimbiri ikudzidula yokha. Chiphokoso chija chikunka chichepa, mawu akuyamba kumveka amodziamodzi. Pakatha miyezi, yotsala ndi mizere yokhayo imene m'chipindamo simunasunthidwe kanthu.

Tsono dzifunseni: ndi mwamuna wotani, wamoyo, amene angakhale miyezi osasuntha kanthu m'chipinda chake?

Nangozo
Woferedwa. Mayo, ndi woferedwa! Ndi mzere umene anamwalira ndi mkaziyo.

Nachisale
Dikirani kaye. Manja akunjenjemera. Ndiye kuti amene adzatsale kumapeto si mwamuna wokondwa amene ali ndi mkazi wake pambali. Ndi mwamuna amene naye wasiya chipinda mmene chinalili chifukwa akulira. M'mawa uja wa mwera, mu mzere wina, bamboyo anatsala koma mkaziyo ndiye anakwera bwato kupita ku Chisi kukapikula nsomba zogulitsa, ndipo bwato limenelo ndilo linatembenuzika. Aliyense waika mnzake m'manda. Aliyense akugona mbali yake ya bedi, osakhudza mbali inayo. Ndipo palibe chikondi chamatsenga chimene chawasankha, ndi lamulo lomwe lija losaona nkhope limene lasefa mizere yonse mpaka kutsala iwo awiri.

Tadala, funso lako ndilo latsegula buku lonse. Mutu wachinayi unkakana chifukwa ndinkamvetsera mzere wolakwika.

Tadala
Ndiye za kuba mawu zija zatha?

Nachisale
Ayi, zikhala m'miyezi yoyamba, pamene akumva mabanja amoyo. Adzamva mawu a iye mwini akuseka, akuitana mwamuna wake kudzadya, ndipo ndi nthawi imeneyo adzazindikire kuti akulanda eni ake. Kenako mawu achikaziwo adzayamba kusowa mmodzimmodzi, mpaka usiku wina kudzatsala mwamuna yekha, osalankhula ndi munthu, akungotchula dzina lake. Ndipo lamulo la mphamvu lija lidzasanduka chizindikiro chao: ukalankhula n'kusadzimva wekha, wadziwa kuti mawu ako afika.

Mbewe
Ndipo lamulo lanu lachitatu likugwirabe ntchito, musaliiwale chifukwa cha chisangalalo. Liwu lililonse lodutsa likuchotsa mphamvu uku n'kuiika uko, kudzera mu mtengo umodzimodziwo. Mbali imodzi ukulandira, mbali ina ukutaya. Pang'onopang'ono mtengowo ukuleka kukhala umodzi. Ndiye mawu amene angalankhulane ali ndi malire, ngakhale atasamala chotani.

Pali ganizo lina la asayansi limene likuyandikira pamenepa. Mu 2014 Michael Hall, Dirk-André Deckert ndi Howard Wiseman anasindikiza chiphunzitso chakuti pali maiko ambiri enieni, ndipo amene ali ofanana kwambiri amakankhana kuti asafanane ndendende. Iwo amati kukankhanako ndiko kumabweretsa zodabwitsa za quantum zimene timaziona. Si ganizo limene asayansi ambiri alitsatira, koma mzimu wake ndi womwewo ndi wanu: kuyandikana kwenikweniko ndiko kumabala kutalikirana.

Jere
Ndiye kunong'ona kuzitha mtengo pang'ono kusiyana ndi kufuula. Kulira mokweza kungawononge njira ya mwezi wathunthu usiku umodzi. Adzayenera kuphunzira kudziletsa pamene mtima ukufuna kukuwa. Komanso kugogoda ndi chala kungakhale kotchipa kuposa mawu, akhoza kupangana zizindikiro, kamodzi ndi inde, kawiri ndi ayi.

WakuChilwa
Chiswenso musachiiwale. Bedi lamtengo m'nyumba yozira, miyezi ingapo osalisuntha, chiswe chilowa ndithu. Ndipo sichidzadya mofanana mbali ziwirizo. Mayiyo adzachiona chikukwera mwendo wa bedi ndi dothi lake lofiira, koma kuti achichotse ayenera kugwedeza bedi. Achite chiyani?

Nangozo
Inu nonse mukukamba za mitengo ndi chiswe, koma chimene chidzadule njirayi msanga ndi anthu. Kumeneko ambiri ndi a chikamwini, mwamuna amakakhala kwa mkazi. Ndiye taonani mbali zonse ziwiri. Kwa mayiyo, nyumba ili pamudzi pao, sachoka, koma tsiku la kusudzula abale a mwamuna adzabwera ndi ankhoswe kudzalongosola za katundu wa m'bale wao. Maukonde, njinga, wailesi, mwinanso bedi lomwelo ngati anagula ndi iye. Adzawauza chiyani kuti asalikhudze? Akanena zoona adzati wapenga ndi chisoni.

Kwa bamboyo ndiye kowawa koposa. Iye ndi mkamwini, mkazi wamwalira, akasudzulidwa ayenera kubwerera kwao. Chipindacho si chake. Azilamu ake akhoza kukhala anthu abwino, osamuthamangitsa, koma adzadabwa kuti bwanji munthuyu akuzengereza, bwanji sakufuna kuti achemwali a malemu alowe kudzatenga zovala ndi ziwiya. Mwambo umene cholinga chake ndi kumasula woferedwa kuti ayambenso moyo ndi umene udzawalekanitse kachiwiri. Ndipo palibe woipa pamenepo, aliyense akuchita zoyenera.

Gama
Mayi Nangozo anena chinthu cholemera. Kusudzula kunaikidwa chifukwa makolo anaona kuti munthu sangakhale m'maliro moyo wake wonse. Ine ndingakonde kuti bukulo lisapange mwambowo kukhala mdani. Mwina mmodzi mwa awiriwo adzafika poona yekha kuti mnzakeyo akufota chifukwa cha kumvetsera, sakudya, sakupita kumunda, ana akusowa wowasamala.

Nachisale
Bambo Gama, pamenepo ndi pamene ndikulimbana napo tsopano. Kodi njirayo iduke chifukwa cha anthu akunja, kapena mmodzi wa iwo asunthe bedi ndi manja ake? Mtima wanga ukukokera kwachiwiriko. Ngati achita ndi abale, awiriwo angokhala ochitiridwa zinthu. Koma ngati bamboyo, atamva kudzera mumtengo kuti mwana wao wamng'ono akulira ndi njala mayi ake ali chigwadire pansi, aganiza zokoka bedi, ndiye kuti wachita chinthu chimene mwamuna wamoyo angachitire banja lake. Kwake kulinso mwana yemweyo, amene naye akumusowa.

Chikondi
Koma amuuze kaye. Asangodula mwadzidzidzi, mayiyo angadzaganize kuti wafanso kachiwiri.

Tadala
Ine ndikuti asamuuze. Akamuuza, mayiyo amuchonderera, ndipo sadzakwanitsa.

Jere
Akhoza kupangana tsiku. Popeza onse akudziwa kuti mawu akutha, asankhe okha kuti otsalawo awagwiritse ntchito yanji. Ine ndikanakhala bamboyo ndikanamuuza zinthu zofunika: ndalama ndinakwirira pati, ngongole ndili nayo kwa yani, ndani ali nayo kwa ine, malire a dimba akudutsa pati. Zonse zimene zinachitika nthawi isanagawike ndi zoona mbali zonse ziwiri. Mayiyo naye amuuze mankhwala amene mwana amamwa akayamba chifuwa, ndi kumene anasunga khadi la kusikelo.

Mbewe
A Jere anena chinthu chofunika pa malamulo. Uthenga wa zakale, za nthawi isanagawike, ndi wodalirika uku ndi uku. Uthenga wa zimene zachitika pambuyo pake sungadaliridwe, ndipo ukunka nufooka tsiku ndi tsiku. Bamboyo akati mawa kugwa mvula chifukwa kwake yagwa, akhoza kumunamiza mosadziwa. Chimenechi chitseka khomo la ulosi, kuti wina asadzafunse chifukwa chimene sakuuzana zam'tsogolo. Palibe amene ali patsogolo pa mnzake, onse ali tsiku limodzi, kungoti m'nyumba zosiyana.

Nachisale
Zimenezo ndazilemba. Za kumuuza kapena kusamuuza sindinagamule, ndilemba njira zonse ziwiri ndione imene ikhale ndi moyo. Koma za ndalama zokwirira ndi khadi la kusikelo zilowa ndithu, chifukwa ndi mmene anthu okwatirana amalankhulira.

Achemwali a Nangozo, ndithandizeni chimodzi kuti ndiyale miyezi bwino. Kuchokera pa maliro kufika pa kusudzula pamatenga nthawi yaitali bwanji? Ndikufuna kusefa kwa mizere kuja kukhale kutatha tsikulo lisanafike, komanso nyanja ikhale itayamba kuuma.

Nangozo
Zimatengera banja ndi mpingo wao, palibe tsiku loikika. Ena amafulumira, ena amadikira mpaka atakolola kuti pakhale chakudya cha anthu obwera. Kwa inu kudikira kukolola ndiko kungakuthandizeni, chifukwa chaka cha chilala abale akhoza kumangozengereza posowa chophikira alendo, ndipo awiriwo apeza miyezi yoonjezera popanda wina kuwachitira chifundo mwadala. Chofunika n'chakuti ankhoswe a mbali zonse ziwiri akhalepo, ndipo kumbukirani kuti ankhoswewo ndi anthu omwewo m'mizere yonse iwiri. Malume amene akubwera kudzatenga bedi kwa mayiyo ndi omwewo amene mbali inayo akubwera kudzatenga mphwao kupita naye kwao.

WakuChilwa
Mukatumiza mutuwo mundiuzenso mtundu wa bwato limene mukufuna, la mtengo umodzi kapena lamatabwa. Lopita ku Chisi ndi anthu ndi katundu silingakhale lofanana ndi la msodzi mmodzi, ndipo katembenuzikidwe kake pa mwera n'kosiyana.